Ukwati wa Rehab ndi Chisankho cha Ulendo Wachiwiri

Nagat anali akukanda ufa wa mabisiketi a ukwati pamene amuna ake, a Sobhi, anakankha chitseko n'kulowa osapereka ndi moni womwe. Anavula nduwira n'kuiponya pamwamba pa katoni ya mbale.

"Siyani zimenezo, make Wagdi. Ukwati kulibe."

Nagat sanasiye kukanda. M'banja lakelo anali atamvapo zambiri zoti kulibe, zina n'kudzapezeka kuti zilipo m'mawa mwake.

"Wamwalira ndani?"

"Palibe wamwalira. Atibera."

"Atibera chiyani? Bulu ndamuona, ali m'khola."

"Ine ndikunena za chisankho, inu mukunena za bulu? Alengeza pa wailesi. Adokotala ndiwo atsogola, aliyense wamva, koma akuti sanapambane. Akuti tikavotenso. Munamvapo kuti munthu wafika woyamba pa mpikisano, n'kumuuza kuti bwerera ukayambirenso? Achita zimenezi ndi anthu a makwerero. Mwana wanga sangakalowe m'nyumba ya akuba."

Apa Nagat anachotsa manja mu ufa.

Chigawo chawo chinkasankha munthu wokakhala ku Seneti, nyumba yachiwiri ya malamulo ku Cairo, ndipo mudzi unali utang'ambika pakati. A Sobhi anali kumbali ya dokotala Lotfi, amene chizindikiro chake pa pepala lovotera chinali nyali. A Haji Radi, bambo ake a Essam amene ankakwatira Rehab, mwana wamkazi wa Nagat ndi a Sobhi, anali kumbali ya injiniya Gaber, wa chizindikiro cha makwerero. Kale amuna awiriwa ankamwera tiyi pa tebulo limodzi. Chiyambireni misonkhano yokopa anthu, ngakhale mu mzikiti ankapemphera wina uku, wina uko.

Nagat anaziona kudakali kutali. N'chifukwa chake anakakamira kuti ukwati udikire chisankho chidutse, mitima izizire. Tsiku anasankha yekha, ndipo anadzitama nalo kwa anzake.

"Ndiye akuti tikavotenso liti?"

A Sobhi anatchula masiku awiri otsatizana. Loyamba linali tsiku lopaka mkwatibwi hina, utoto wofiira wokongoletsa m'manja. Lachiwiri linali la ukwati lenilenilo.

Nagat anafuna pokhala koma panalibe. Mipando yonse inali itakwiririka ndi katundu wa mkwatibwi: matiresi, mapoto, mabulangete, firiji yosatsegula m'katoni. Iye ndi amuna ake ankagona chopinda miyendo pakati pa makatoni. Anangodzikhazika pa thumba la mpunga n'kuyang'ana kudenga.

M'mawa mwake anatenga tepi yoyezera n'kupita kwa a Haji Radi, ati kukayeza mawindo a chipinda cha akwati kuti asoketse makatani. Mawindowo anali atawayeza kalekale. Anawapeza a Haji ali pa benchi panja, mikanda yopempherera ili m'manja, pamwamba pa khomo pakulendewera chinsalu cha makwerero.

"Mtendere ukhale nanu, a Haji."

"Ukhalenso ndi inu, make Wagdi. Mwabwera kudzapepesa?"

"Ndipepese chiyani?"

"Chisankho sachibwereza popanda chifukwa. Akachifafaniza ndiye kuti wina wachita chinyengo. Anatsogola ndani? Wa nyali. Ndiye wachinyengo ndani? Koma dzulo amuna anu anena pa malo a tiyi, anthu onse akumva, kuti banja langa ndi la akuba. Ine ndinapita ku mzinda woyera wa Maka, make Wagdi. Abwere adzabweze mawu amenewo pakhomo pano. Apo ayi, Essam adzakwatira chaka chamawa."

"Abakha anga a phwando sangadikire chaka chamawa, a Haji. Anenepa kale, akulephera ndi kuyenda komwe."

"Aziyenda pang'onopang'ono."

Nagat anabwerera osayeza windo ngakhale limodzi. Kunyumba anapeza Rehab atakhala pa matiresi atsopano, maso ali ofiira.

"Amayi, kodi ine ndikukwatiwa ndi Essam kapena ndi makwerero?"

"Usandiyambe, mwana wanga. Mutu wanga wakwana kale."

"Essam wandiimbira. Akuti bambo ake amulanda makiyi a chipinda chathu."

"Bambo akonso ndawasiya akufunafuna utoto. Akuti alembe pakhoma kuti pano sitivotanso, tinavota kale. Khoma lomwe ndapakitsa laimu chifukwa cha ukwati wako."

Ufa unali wokanda kale, sukanadikira amuna kuti amvane. Nagat anaoloka kanjira kupita kwa mayi Demiana kukabwereka mathireyi ophikira. Mayi Demiana anali mphunzitsi wopuma pa ntchito. Theka la mudzi linaphunzira kuwerenga m'manja mwawo, ndipo pa zisankho zambiri ankathandiza pa malo ovotera a pa sukulu. Nagat anawatengera mbale ya mabisiketi oyamba kupsa, ndipo asanakhale n'komwe anali atayamba kukhuthula.

"Aphunzitsi, ndiuzeni zoona. Wabera mnzake ndani? Amuna anga akuti a makwerero. A Haji akuti a nyali. Ine ndikungofuna ndidziwe woti ndikamutukwane."

Mayi Demiana anaseka. "Ndiye muvutika, chifukwa palibe wabera mnzake. Khalani pansi. Bweretsani mbaleyo."

Anakhuthulira mabisiketi pa thireyi n'kupatula makumi awiri.

"Awa ndi anthu onse amene anavota. Anapikisana anali atatu. Wa nyali anapeza awa." Anakankhira asanu ndi anayi kumbali. "Wa makwerero awa." Anakankha asanu ndi atatu. "Loya uja, mayi wa chizindikiro cha kiyi, anapeza atatu otsalawa. Tsopano ndiuzeni, amene akufuna wa nyali ndi angati?"

"Asanu ndi anayi."

"Nanga amene sanamusankhe?"

Nagat anawerenga ndi chala. "Khumi ndi mmodzi."

"Mwaona? Watsogola, inde, koma amene sanamusankhe ndi ambiri kuposa amene amusankha. Lamulo limati kuti munthu atenge mpando umenewu, apeze mavoti opitirira theka la onse. Pa thireyi pano akanafunika khumi ndi limodzi. Akapanda kupezeka wotero, awiri amene ali pamwamba amapikisananso okhaokha. Sikuti chisankho choyamba chafafanizidwa ayi. Ntchito yake yatha, chatisankhira awiri. Uwu ndi ulendo wachiwiri wa chisankho chomwecho."

"Ndiye lamuloli alipanga liti? Ataona kuti adokotala atsogola?"

"Linalipo munthu asanaponye voti ngakhale imodzi. Ngakhale masiku a ulendo wachiwiri analengezeratu limodzi ndi a ulendo woyamba, kuchitira kuti mwina ungafunike."

"Mukuti masiku amenewa ankadziwika kale?"

"Ankanena pa wailesi, ndipo anamata pa geti la sukulu."

"Ine wailesi ikayamba za chisankho ndimatseka. Ndinatopa nazo." Anadzigwira pachipumi. "Ndiye kuti ndinatenga ukwati wa mwana wanga ndi manja angawa n'kukauika pa tsiku lovota."

"Mukanandifunsa, make Wagdi. Tikukhala khomo ndi khomo."

Nagat anatola bisiketi imodzi mwa atatu aja n'kuiluma mokwiya. "Bola ine zanga zinatha. Wanga anagwa kale. Azikanganirana okha mpando wawowo."

"Sindinakufunseni amene munamuvotera, ndipo palibe ayenera kukufunsani. Koma popeza mwadziulula, bwezerani bisiketi yanga pa thireyi, chifukwa ndi inuyo." Mayi Demiana analoza kagulu kakang'ono kaja. "Asanu ndi anayi awa sasuntha. Asanu ndi atatu awa sasunthanso. Amene anene wopambana ndi atatu awa, pamodzi ndi amene sanavote ulendo woyamba. Inu mukakhala pakhomo, ena akusankhirani."

"Osavota ulendo woyamba amaloledwa?"

"Aliyense amene dzina lake lili m'kaundula. Angotenga chiphaso chake cha unzika n'kupita pamalo pomwe analembedwa. Ndipo mavoti oyamba aja sawasunga kuti adzaphatikize. Onse awiri akuyambira pa ziro. Kauzeni amuna anu zimenezo asanaononge khoma."

"Atsikana akunong'onezananso kuti wopaka hina akam'bweza, ati aziganiza kuti ndi inki yosonyeza kuti wavota kale."

"Bodza. Amayang'ana chiphaso ndi dzina m'kaundula. Hina sanaletsepo munthu kuvota."

Madzulo amenewo Nagat anayesa kuwafotokozera a Sobhi. Anayala mabisiketi pa katoni ya firiji monga anachitira mayi Demiana. A Sobhi anamvetsera akutafuna. Pomwe Nagat ankafika pa wa kiyi, theka la mavoti a makwerero linali litadyedwa.

"Masamu a aphunzitsi amenewo," anatero akudzipukuta pakamwa. "Ine ndikudziwa chimodzi. Tinavota, tinatsogola. Tikapitanso ndiye kuti tavomereza kuti anachita bwino kutibera. Ifeyo a nyali tagwirizana, sitipita."

"Mukapanda kupita apambana ndani?"

"Mulungu akuona."

"Mulungu akuona, koma savota, bambo a Wagdi."

"Samalani pakamwa."

Anatuluka. Nagat anatsala akusesa nyenyeswa, akulankhula yekha mawu amene sitingawalembe pano.

Masiku anapita. Wa matenti anabwera kudzafunsa ngati adzamange kapena apereke tenti kwa ena. Woimba ng'oma anatumiza uthenga womwewo. Akazi a m'mudzi akakumana ndi Nagat pa msika ankamupatsa moni wachisoni, ngati wa pa maliro, ndipo zimenezo zinkamukwiyitsa kuposa zonse. Rehab anasiya kudya. A Sobhi ndi a Haji akakumana pa mlatho wa pa ngalande, wina ankayang'ana madzi, wina nzimbe.

Kenaka Wagdi, mwana wawo woyamba amene ankagwira ntchito yomanga ku Cairo, anaimba foni.

"Amayi, tikumva ziwiriziwiri kuno. Ukwati ulipo kapena kulibe? Ine ndinapempha tchuthi, ndipo tapangana ndi ana a achimwene awo a bambo kuti tibwere pa minibasi imodzi. A kwa Essam nawonso apeza yawo. Ngati kulibe tiuzeni, tisataye masiku."

"Kodi iwe unavota ulendo woyamba uja?"

"Ndikanavota bwanji? Dzina langa lili kumudziko. Bwana sangandipatse tchuthi chifukwa cha voti. Tonse kuno palibe anabwera."

"Nonse?"

"Tonse. Bwanji kodi?"

"Usabweze tchuthicho," anatero Nagat. "Ndipo uwauze anzako asaiwale ziphaso."

Anavala mpango n'kuolokanso kanjira. Atamva, mayi Demiana anavomera kuti amuna awiriwo akumane m'nyumba mwawo, poti munalibe nyali kapena makwerero, munali chithunzi cha Maria Virigo basi. Anatumiza mawu kwa aliyense kuti aphunzitsi akukuitanani. M'mudzi umenewo munalibe munthu wokana kuitana kwa mayi Demiana. Ana a onse awiri anadutsa m'kalasi mwawo.

A Sobhi anafika poyamba. A Haji atalowa n'kuwaona, anatembenuka kuti abwerere.

"Khalani pansi, a Haji," anatero mayi Demiana. "Tiyi ndathira kale. Mukufuna ndimutaye?"

Anakhala, wina kumapeto uku kwa mpando, wina kumapeto uko.

"Ndiyamba ndi inu, bambo a Wagdi. Mukuti munaberedwa. Powerenga mavoti pa sukulu, oimira adokotala analipo kapena panalibe?"

"Analipo."

"Anasaina zotsatira?"

"Anasaina. Koma tinatsogola."

"Munatsogola, palibe akukana. Koma simunapitirire theka. Kukanakhala kuti watsogola ndi wa makwerero ndi mavoti omwewo, mukanalola kuti angotenga mpando?"

A Sobhi anayang'ana m'kapu. "Imeneyo ndi nkhani ina."

"Ndi yomweyo. Lamulo limene likukupwetekani leroli likanakutetezani tsiku limenelo." Anatembenukira kwa a Haji, amene anali atayamba kumwetulira. "Inunso musaseke. Mukuuza anthu kuti chisankho chafafanizidwa chifukwa cha chinyengo. Chafafanizidwa ndi khoti liti?"

"Anthu akunena."

"Anthu ake ndi inuyo, a Haji. Ndakumvani ndekha pa windo. Palibe chafafanizidwa. Chikanafafanizidwa, onse atatu akanabwereranso pa pepala. Mwaona atsala awiri. Nonse mwanenerana zabodza, aliyense kamodzi. Ine ndikuona kuti mwafanana."

Kumwetulira kuja kunatha. Kenaka a Haji anati, "Komabe ukwati uyembekeze. Sitingavine tsiku la nkhondo."

"Pamenepo pokha tagwirizana," anatero a Sobhi.

Nagat anali ataima pakhomo la kukhitchini nthawi yonseyi, akudziluma lilime. Tsopano analowa.

"Chabwino, uyembekeze. Ndimuimbira Wagdi abweze minibasi. Ana a achimwene anu onse aja, bambo a Wagdi, akhale konko ku Cairo. Ulendo woyamba sanavote, wachiwirinso asavote. Kodi bwana angawapatse tchuthi popanda ukwati? Inunso a Haji, minibasi ya kwanu ibwezedwe. Ndamva kuti inadzaza, ena akhala pa miyendo ya anzawo."

A Sobhi anaika kapu pansi. "Anyamata aja mayina awo ali kuno?"

"Onse."

"Ndipo angavote, chikhalirecho sanavote poyamba?" Funsoli linapita kwa mayi Demiana.

"Angavote."

Nagat anaona milomo ya amuna ake ikugwedera, akuwerenga chamumtima. Atayang'ana kwa a Haji, anaona mikanda ikuyenda mofulumira kuposa mmene pemphero limayendera.

"Kunena zoona," anayamba a Haji, "si bwino kuchedwetsa chinthu chimene Mulungu anadalitsa."

"Ndimati ndinene zomwezo," anatero a Sobhi. "Ana asavutike chifukwa cha ife. Mawu aja a pa malo a tiyi, asebele, anali a mkwiyo."

"Ndinawaiwala kale, asebele."

Nagat anapumira m'mwamba, koma mpumulo wake sunakhalitse. Pofika madzulo, a Sobhi anali atakumbukira abale amene sanawatchulepo chikwatirane. Ena anali ku Suez, ena ku Aswan, wina anali msuweni amene anakangana naye za malire a munda ana awo akadali aang'ono. Onse anaimbiridwa foni, onse anauzidwa kuti magazi ndi magazi, ndipo asaiwale chiphaso. A Haji nawo anachita chimodzimodzi. Uthenga unkangobwera: onjezerani mipando, onjezerani mpunga.

"Anthu onsewa adya chiyani?" anafunsa Nagat. "Abakha anga ndinawerengera ukwati, osati msonkhano."

"Mulungu apereka," anatero a Sobhi.

"Apereka kudzera mwa inu."

Nagat anawaitanitsanso onse awiri, a Sobhi ndi a Haji, ulendo uno pakhomo pake, n'kuwaimika pakati pa makatoni.

"Mverani, poti ophika ndine. Woitana alendo owonjezera abweretse nkhosa. M'tenti simulowa nyali kapena makwerero, kaya pa nsalu, kaya pa chipewa, kaya m'nyimbo. Mlendo akafika, apite kukavota, abwere adzadye, ndipo wina asamufunse kuti wachonga pati. Mwawaitana kuti adzavote, koma chala ndi chawo."

"Mwana wa mchimwene wanga angachonge pena?" anatero a Sobhi.

"Mukalowa naye m'kachipinda kovotera? Ndipo chomaliza, zotsatira zikatuluka, wogonja apite kukagwira dzanja la mnzake. Lonjezani pano, Rehab akumva."

Anayang'anizana. Aliyense anali wotsimikiza kuti wokagwira dzanja la mnzake si iyeyo, choncho analonjeza mosavuta.

M'masiku otsalawo Nagat anachita chinthu chimene anali asanachitepo. Galimoto za zimkuzamawu zikamadutsa, sanatsekenso windo. Wa nyali ankanena zokamenyera kuti chipatala cha m'dera chikhale ndi makina otsuka impso, anthu asamapite kutali. Wa makwerero ankanena za mipope yochotsa madzi oipa, amene ankanyowetsa makoma a nyumba zambiri, ya Nagat yomwe. Zonse ziwiri zinkamukhudza. Anafunsa mayi Demiana kuti wabwino ndani.

"Zimenezo ndiye sindingakuuzeni. Ine ndimaphunzitsa kavotedwe, osati womuvotera. Mverani onse, funsani amene akuwadziwa, kenaka musankhe nokha."

Tsiku la hina, maminibasi anayamba kufika m'mawa. Anthu ankatsika ndi zikwama, kupsompsonana m'masaya, n'kulunjika ku sukulu. Mzere wa amuna unafika mpaka pa mlatho. Nagat anasiya mapoto m'manja mwa achemwali ake, anatenga Rehab ndi anzake, n'kukaima pa mzere wa akazi. Dzuwa linali loswa mtengo, mapazi ankamupweteka, ndipo maganizo ake onse anali pa mpunga umene ukanatha kupserera. Mayi wina patsogolo pake anatopa n'kunena kuti akupita, anavota kale mwezi watha.

"Ya mwezi watha ija inatha ntchito, mchemwali," anatero Nagat. "Lero akuyambira pa ziro. Imani pomwepo, mwatsala pang'ono."

Mkati, wa kaundula anayang'ana chiphaso chake, anapeza dzina, n'kumupatsa pepala. Linali ndi nkhope ziwiri zokha. Nagat anaima m'kachipinda kobisika kwa kanthawi, anachonga, anapinda pepala n'kuliponya m'bokosi, woweruza woyang'anira chisankho akuona. Anaviika chala mu inki n'kuthamangira ku mapoto ake.

Alendo ochedwa anavota m'mawa wa tsiku la ukwati, ena manja ali ofiira ndi hina wa dzulo lake, ndipo palibe anabwezedwa. Nkhosa zinabwera, za a Sobhi ndi za a Haji, aliyense akuyang'ana ngati za mnzake zinali zonenepa kuposa zake. Madzulo tenti inadzaza mpaka ena anakhala pa madenga a nyumba. Msuweni uja wa malire a munda anayesa kunong'oneza woimba kuti aponyemo nyimbo ya nyali. Nagat anamuona ali ndi chikombe chotungira msuzi m'manja. Anangomulozera nacho, msuweniyo n'kubwerera pa mpando wake. A Sobhi ndi a Haji anavina gule wa ndodo pamodzi, ndipo ngakhale ndodozo zinagundana mwamphamvu kuposa mmene guleyo amafunira, palibe anavulala. Rehab anapita kwa mwamuna wake, katundu yense anamutsatira, ndipo Nagat anagona atatambasula miyendo.

Zotsatira zinatuluka patapita masiku angapo. Wopambana anali wa makwerero. M'chigawo chonsecho, cha midzi ndi matauni, kusiyana kwake kunali kochepa moti anthu ake sakanadzaza matenti awiri a ukwati. A Sobhi anamvera pa wailesi n'kuitseka.

"Atibera," anatero, koma mawuwo analibe mphamvu.

"Oimira adokotala analipo powerenga?"

"Analipo."

"Ndiye ngati ali ndi umboni, khoti lilipo, akadandaule. Koma ndamva kuti adokotalawo amuimbira kale mnzawo kumufunira zabwino. Inu mukufuna kulira kuposa mwini wake?"

"Anzanga ena a nyali sanapite," anatero a Sobhi. "Ndinawauza ndine poyamba paja kuti tisapite. Nditasintha, ena sanandimvere."

Nagat anaimirira. Anawatulutsira mkanjo woyera ndi nduwira yochapa, n'kulongedza dengu la chakudya cha akwati.

A Haji Radi anali pa benchi yawo pamene awiriwa ankafika. Chinsalu cha makwerero chinali chikadalendewera, koma atawaona akubwera anaimirira n'kudzawachingamira panjira. A Sobhi anatambasula dzanja, nkhope ili kumbali.

"Zabwino zonse, asebele. Wanu wapambana."

"Mulungu akudalitseni, asebele. Munatithamangitsa, sindinagone."

"Koma mipope ija tiione. Akapanda kubweretsa, madzi a m'nyumba mwanga ndizidzawathira pakhomo panu."

"Akapanda kubweretsa tidzapita tonse kukamukumbutsa. Tsopano ndi wa tonse, wa nyali ndi wa makwerero yemwe. Lowani, mwana wanu akukudikirani."

Rehab anatsika masitepe akuthamanga, n'kulandira dengu m'manja mwa mayi ake.

Nagat sanakhale katswiri wa malamulo, koma zimene anaphunzira amauza aliyense amene angamve, pa msika ndi pa mzere wa buledi. Kumene lamulo limafuna mavoti opitirira theka, kutsogola si kupambana. Ulendo wachiwiri si umboni wakuti wina wabera, ndi njira yopezera munthu amene ambiri amuvomereza. Mavoti oyamba saphatikizidwa, choncho aliyense apitenso, ngakhale amene munthu wake anagwa, ngakhalenso amene poyamba sanavote. Mukamva mphekesera, funsani odziwa musanakwiye. Zotsatira zikatuluka, wokhala ndi umboni apite kukhoti, wopanda umboni agwire dzanja la mnzake, chifukwa chisankho chimatha koma anthu mumakhalabe mudzi umodzi.

Ndipo kwa amayi amene ali ndi ana oti akwatiwe, amawonjezera chimodzi. Musanasankhe tsiku, pitani kaye mukawerenge zimene amata pa geti la sukulu.